Mmene mungaonerere mafilimu a Chisipanishi onena za nkhanza n'kutolapo kanthu

Abale anzanga a kuno kuchigwa, makamaka inu amene muli ndi ma video show pa Nchalo, Ngabu, Bangula mpaka pa Nsanje boma, komanso a makalabu a achinyamata ndi aziphunzitsi amene muli ndi kalaputopu kapena TV ya sola, ndikufuna ndikuuzeni mmene mungaonerere mafilimu a m'Chisipanishi onena za nkhanza ndi kuphana. Ife tinazolowera za action, munthu mmodzi kupha gulu lonse, ana n'kumakuwa pabenchi, filimu ikatha aliyense waiwala. Koma anthu a ku Spain, Mexico, Argentina, Chile ndi Colombia akhala akujambula nkhanza kuyambira kalekale ndipo ambiri ankajambula zomwe zinawaonekera okha, nkhondo yapachiweniweni, maboma a asilikali, anthu kutengedwa usiku osadzaonekanso. Mukawaonera ngati action mungoti ngotopetsa, pamene ali ndi kaoneredwe kakekake.

Za chilankhulo musaope. Amene mumadutsa pa Marka kupita ku Mozambique ndipo mumamvako Chipwitikizi muli ndi mwayi chifukwa zilankhulo ziwirizi n'zapachibale, muzitolako ndithu. Enafe tizidalira ma subtitle, nde musanaitane anthu yesani kaye nokha ngati mawuwo akuyenda limodzi ndi chithunzi, chifukwa nthawi zina amatsalira m'mbuyo n'kusokoneza nkhani yonse. Ngati pali wina womasulira m'Chichewa kapena m'Chisena pamaikolofoni, mupempheni asaikemo nthabwala ngati mmene amachitira ma DJ m'mafilimu a karate, ndipo pamene filimu yakhala chete nayenso akhale chete, m'mafilimu amenewa zambiri zimanenedwa pamene palibe akuyankhula.

Musanayatse filimu iliyonse dziwani zinthu ziwiri, chaka chomwe inapangidwa ndi amene ankalamulira dzikolo nthawi imeneyo. Izi n'zamphindi zochepa pafoni koma zimasintha zonse. Kenako mukamaonera musamawerenge kuti magazi atuluka ochuluka bwanji ayi, muziyang'ana kuti kamera yaima mbali ya ndani, ya womenya kapena ya womenyedwa, ndipo chibakera chikatha kugwa kamerayo ikutsala ndi ndani. Funso limeneli ndi limene ndimafuna aliyense akhale nalo m'mutu kuyambira filimu yoyamba mpaka yomaliza.

Yambani ndi Los olvidados ya 1950, ya Luis Buñuel, munthu wa ku Spain amene anakakhala ku Mexico. Ndi ya black and white koma musaiderere. Ndi nkhani ya anyamata a mumsewu ku Mexico City, wamkulu wawo Jaibo wathawa kusukulu yosinthira khalidwe ndipo akupha mnyamata mnzake Julián pamaso pa kamwana kotchedwa Pedro, kuyambira pamenepo Pedro sakupezanso mtendere. Anyamatawa amamenya bambo wosaona woimba mumsewu, amalanda kangolo ka munthu wopanda miyendo. Koma taonetsetsani bambo wosaona uja, nayenso ndi wankhanza kwa ana, ndipo mayi ake a Pedro sakumufuna mwana wawo. Buñuel anakana kujambula osauka ngati angelo omvetsa chisoni, anaonetsa kuti njala imaononga aliyense amene yamugwira. Pali malo pamene Pedro amaponya dzira pa kamera penipeni n'kuswekera pagalasi, pamenepo imitsani filimu mufunse anthu kuti dziralo akugenda ndani. Ku Mexico anthu anakwiya nayo filimuyi, inachotsedwa m'makanema patangopita masiku ochepa, koma mu 1951 Buñuel anapata mphoto ya dayilekita wabwino ku chikondwerero cha mafilimu cha Cannes ku France ndipo m'pamene ku Mexico anayamba kuilemekeza.

Kuchoka apo pitani ku Spain, ndipo apa muchedwepo chifukwa m'pamene mungaphunzire kuwerenga filimu yomwe ikuyankhula mobisa. Nkhondo yapachiweniweni ku Spain inamenyedwa kuyambira 1936 mpaka 1939, anapambana ndi General Francisco Franco ndipo analamulira mpaka imfa yake mu 1975. Opambanawo anali ndi mafilimu awo, monga Raza ya 1942 imene nkhani yake analemba Franco yemweyo pogwiritsa ntchito dzina lina, mmenemo kufa pankhondo ndi ulemerero, msilikali amafa mwaukhondo nkhope ili yowala. Simukuyenera kuionera yonse, kachigawo kochepa n'kokwanira kuti anthu aone mmene boma limakongoletsera imfa. Wina aliyense wofuna kunena zosiyana ankayenera kudutsa kwa a censorship, ndipo akuluakulu athu izi akuzidziwa bwino chifukwa nafenso tinali ndi lamulo la censorship la 1968, nthawi imene munthu umayamba wayang'ana uku ndi uku usanatchule dzina la mtsogoleri.

Nde onerani La caza ya Carlos Saura, ya 1966. Azibambo atatu amene anamenya nawo nkhondo ija akupita kukasaka akalulu limodzi ndi mnyamata mmodzi wachichepere, malo ake ndi chigwa chouma pomwe kale anthu anaphedwapo pankhondo. Dzuwa lake ndi ngati la pa Ngabu mu October, lija loti ngakhale mbuzi imakana kuchoka pamthunzi, ndipo azibambowa akumwa, akutuluka thukuta, akukumbutsana za ndalama ndi akazi, mfuti zili m'manja. Nkhondoyo sikutchulidwa bwinobwino koma ili paliponse. Akalulu akuwomberedwa pafupi ndi kamera, ndipo kumapeto azibambo atatu aja amaphana okhaokha, mnyamata n'kutsala akuthamanga yekha. Auzeni anthu asanayambe kuti aziona akaluluwo ngati anthu, akatero filimu yonse imatseguka. Ina ya nthawi yomweyo ndi El espíritu de la colmena ya Víctor Erice, 1973, nkhani ya kamtsikana Ana m'mudzi wina m'chaka cha 1940, kamene kamapeza munthu wothawa atabisala m'nyumba yakutchire n'kumamupatsa chakudya. Kuphedwa kwake sitikuona, timangoona kuthwanima kwa mfuti mumdima chapatali, m'mawa mwake mwana akupeza magazi pamwala. Iyi ndi yoyenda pang'onopang'ono kwambiri, ku video show ya anthu olipira sikugwira, isungireni kalabu kapena kalasi.

Franco atamwalira censorship inathetsedwa mu 1977 ndipo zomwe zinkabisidwa zinatuluka poyera. El crimen de Cuenca ya mayi Pilar Miró, yopangidwa mu 1979, ikunena nkhani yoona ya azibambo awiri amene anazunzidwa ndi apolisi a Guardia Civil mpaka kuvomera kuti anapha m'busa wina amene anasowa mu 1910, anakhala kundende zaka zambiri, kenako mu 1926 m'busa uja anapezeka ali moyo. Kuzunzako Miró anakuonetsa konse osabisa, ndipo ngakhale censorship inali itatha asilikali anailanda filimuyo n'kumutsegulira mlandu mayiyo, inadzatuluka mu 1981. Iyi ana asakhalepo ngakhale pang'ono. Koma muione motsatana ndi La caza kuti mufunsane, ndi iti yakupwetekani kwambiri mumtima, yobisa kapena yoonetsa zonse. Ine ndimaona kuti Miró anali ndi chifukwa chomveka, anthu anali atanamizidwa nthawi yaitali moti kungonena kuti anazunzidwa sikukanakwanira.

Tsopano filimu imene ndikufuna mudzi uliwonse kuno uione ndi Canoa ya Felipe Cazals, ya ku Mexico, 1976. Nayonso ndi nkhani yoona. Pa 14 September 1968 anyamata asanu ogwira ntchito pa yunivesite ya ku Puebla anapita kukakwera phiri la La Malinche, mvula inawatsekereza m'mudzi wa San Miguel Canoa ndipo bambo wina anawalandira kunyumba kwake kuti agone. Wansembe wa m'mudzimo anali atakhala akuuza anthu kuti kukubwera achikomyunizimu kudzaononga tchalitchi ndi kulanda katundu, nde usiku umenewo mabelu analira, zimkuzamawu zinalengeza, anthu anatuluka ndi zikwanje ndi miuni, ena mwa anyamatawo anaphedwa pamodzi ndi mwini nyumba amene anawalandira. Cazals amakuuza kumayambiriro komwe kuti anthuwa aphedwa, sakufuna uzidikira kuti kodi zitha bwanji, akufuna uziona mmene mphekesera imakulira, amene akuiyambitsa, amene akupindula nayo, amene akudziwa kuti ndi bodza koma angokhala chete poopa anzawo. Abale anga, ife izi si zachilendo. Mu 2016 ku Nsanje anthu asanu ndi awiri anaotchedwa ndi gulu powaganizira kuti anali ndi mafupa a anthu, mu 2017 mphekesera ya anamapopa inaphetsa anthu m'maboma a kuno kummwera, ndipo agogo athu mpaka lero akumenyedwa powanamizira ufiti. Poonetsa Canoa itanani amfumu, a community policing ndi atsogoleri a mipingo, ndipo muiimitse mabelu asanalire mufunse kuti pafika apa ndani akanatha kuletsa zimenezi, ndipo akanayankhula mawu oti chiyani. Musalole kuti zokambirana zisanduke zonyoza mpingo wina, nkhani ndi ya munthu wa mphamvu amene akugwiritsa ntchito mantha a anthu, angakhale wansembe, sing'anga, wandale kapena mfumu.

Kuimitsa filimu pakati kuti anthu akambirane si nzeru yanga ayi. Ku Argentina mu 1968 Fernando Solanas ndi Octavio Getino anapanga La hora de los hornos, yotalika kupitirira maola anayi, yomwe inkaonetsedwa mobisa m'nyumba za anthu ndi m'magulu a ogwira ntchito, ndipo inapangidwa dala kuti iziimitsidwa anthu n'kumatsutsana. Ku Chile nako Patricio Guzmán anajambula La batalla de Chile, ya zigawo zitatu, yoonetsa miyezi yomaliza ya boma la Salvador Allende asilikali a General Augusto Pinochet asanalande boma pa 11 September 1973. Mmenemo muli chithunzi chomwe anajambula mtolankhani Leonardo Henrichsen mu June 1973, msilikali akuloza mfuti kwa iye, kuwombera, kamera n'kugwa. Munthuyo anajambula imfa yake yomwe. Chithunzi chimenechi musachibwereze kawiri katatu ngati chigoli cha mpira, kamodzi n'kokwanira.

Asilikali analamulira Argentina kuyambira 1976 mpaka 1983 ndipo anthu masauzande anasowetsedwa, ana obadwira m'malo ozunzirako anthu ankaperekedwa kwa mabanja ogwirizana ndi boma. La historia oficial ya Luis Puenzo, 1985, imene inapata mphoto ya Oscar mu 1986, ikunena za Alicia mphunzitsi wa mbiri yakale amene akuyamba kukayika kuti mwana amene anamutenga kuti amulere anachokera kuti. Pafupifupi filimu yonse mulibe magazi, ndi mafunso okhaokha, mpaka kumapeto pamene mwamuna wake wovala suti bwinobwino amamumenya n'kumupanikiza zala pachitseko, ndipo pamenepo umazindikira kuti zimene zinkachitika m'zipinda zozunzira anthu zinalowa kale m'nyumba muno. Anthu a ku Chikwawa filimu imeneyi aimva msanga, chifukwa David Chiwanga amene anafa ku Mwanza mu 1983 pamodzi ndi nduna zitatu anali phungu wa kuno, ndipo kwa zaka zambiri nkhani ya boma inali yoti inali ngozi ya galimoto. Mukafuna ina yolimba kuposa apo pali Garage Olimpo ya Marco Bechis, 1999, mmene ozunza amatseka chitseko n'kukweza wailesi, iwe woonera umatsala panja ukumva nyimbo ukudziwa chomwe chikuchitika mkatimo.

Pali mafilimu ena amene amatembenuka n'kuloza chala ife oonera ndi ojambula. Ku Colombia Luis Ospina ndi Carlos Mayolo anapanga kafilimu kakafupi kotchedwa Agarrando pueblo chakumapeto kwa zaka za m'ma 1970, konena za ojambula oyendayenda mumzinda wa Cali kusaka amisala, opemphapempha ndi ana amaliseche kuti akagulitse zithunzizo ku Ulaya. Ife a kuchigwa amene makamera amatipeza nthawi ya madzi osefukira basi, 2015, Cyclone Ana, Freddy, tikhoza kukambirana kafilimu kameneka mpaka usiku. Ndipo Tesis ya Alejandro Amenábar, 1996, imayamba ndi mtsikana wapasukulu amene akuuzidwa pa siteshoni ya sitima kuti asayang'ane mtembo uli panjanji, koma miyendo ikumukokera komweko. Iyi achinyamata amaikonda chifukwa ndi yoopsa komanso yothamanga, nde ikatha afunseni kuti ndi angati amene ali ndi zithunzi za ngozi ya pa Thabwa kapena za mtembo wa munthu mufoni mwawo, anazilandira pa WhatsApp n'kutumiziranso ena, ndipo akanamva bwanji akanakhala m'bale wawo.

Nkhanza za m'banja zisasowe pandandanda wanu. Te doy mis ojos ya mayi Icíar Bollaín, 2003, imayamba ndi Pilar akuthawa panyumba usiku ndi mwana wake mumzinda wa Toledo ku Spain, wafika kwa mchemwali wake m'pamene akuzindikira kuti wathawa atavala masilipasi a m'nyumba. Chimene ndimaikondera filimuyi n'choti kumenya kwenikweni sikuoneka kwambiri, chomwe umaona ndi mantha, mmene mayiyo amaumira thupi mwamuna akangokweza mawu, mapepala a kuchipatala obisidwa mudirowa, mayi ake omubereka akumuuza kuti mkazi sakhala bwino payekha abwerere kwa mwamuna wake. Mwamunayo Antonio sanamujambule ngati chilombo, amapita ku gulu la azibambo kukafuna thandizo, amabweretsa mphatso, amalira, koma nsanje ndi kudziona wochepa zimamubwezera pomwepo, mpaka tsiku lomwe amamuvula mkazi wake n'kumutsekera pakhonde lapamwamba kuti anthu amuone. Poonetsa iyi ndi bwino azimayi akambirane paokha kaye, azibambo paokha, kenako mukumane, chifukwa mukawasakaniza pompo azimayi ambiri sayankhula pamaso pa amuna awo ndi apongozi. Mukhalenso ndi munthu wodziwa za lamulo loteteza anthu ku nkhanza za m'banja la 2006 ndi za Victim Support Unit ya kupolisi, chifukwa zimachitika kuti wina filimu yamukhudza ndipo akufuna kudziwa kopita. Muli malo ena ogonana mufilimuyi, muonereni nokha kaye kuti mudziwe pothamangitsa ngati pali akuluakulu amene angakhumudwe.

Za magulu ogulitsa mankhwala ozunguza bongo ndi zimene achinyamata adzakupemphani kwambiri, poti anazolowera ma series oonetsa mabwana a mankhwalawa ali ndi magalimoto ndi akazi okongola. Apatseni zina. Boma la Mexico linatumiza asilikali kukalimbana ndi magulu amenewa kuyambira December 2006 ndipo mafilimu anagawikana pawiri. Heli ya Amat Escalante, 2013, imaonetsa munthu akuzunzidwa pabalaza ana ali pomwepo angosiya kusewera gemu ya pa TV kuti aonerere, ndi yowawa kwambiri moti ine sindingaionetse pagulu, ndi ya munthu wamkulu amene wasankha yekha. Koma Noche de fuego ya mayi Tatiana Huezo, 2021, imatenga njira ina, atsikana a m'mudzi wa kumapiri amametedwa tsitsi kuti azioneka ngati anyamata, amayi awo anakumba maenje kuseri kwa nyumba oti anawo azibisalamo magalimoto a zigawenga akamveka. Zigawengazo sumaziona kwambiri, umangophunzira kumvetsera kulira kwa injini ndi kuuwa kwa agalu ngati mmene anawo amachitira. Mafilimu ambiri atsopano opangidwa ndi azimayi ku Mexico akutsata njira yomweyi, Sin señas particulares ya Fernanda Valadez ya 2020 ndi ya mayi amene akufunafuna mwana wake amene anasowa paulendo wopita ku United States, kamera imakhala ndi wotsala, wofufuza m'mamochale ndi m'maofesi.

Imodzi yofunika kusamala nayo mwapadera kuno kwathu ndi Voces inocentes ya Luis Mandoki, 2004, ya nkhondo ya ku El Salvador m'zaka za m'ma 1980, pamene asilikali ankatenga anyamata akangokwanitsa zaka 12 kuti akamenye nkhondo. Pakati pathu pali anthu amene anathawa nkhondo ya ku Mozambique imene inatha mu 1992, ena anakhala ku Mankhokwe ndi ku Nyamithuthu, ena anakwatira kuno n'kukhazikika, ndipo zomwe zili mufilimuyi ena anaziona ndi maso. Auzeni anthu pasadakhale kuti muli zotani, khomo likhale lotsegula kuti wofuna kutuluka atuluke popanda womuseka, ndipo musamuloze munthu kuti inu agogo tatiuzani za nkhondo, akafuna ayankhula okha.

Pa kayendetsedwe kake, filimu imodzi pa sabata ndi yokwanira, ndipo muzitsata zaka zomwe mafilimuwa anapangidwa kuti anthu aziona okha mmene zinthu zinasinthira kuchoka pobisa kufika poonetsa. Lembani papepala mayina a anthu a mufilimu ndi chaka chake mumate pakhoma, mayina a Chisipanishi amasokoneza poyamba. Ndi kutentha kwa kuno yambani cha m'ma 4 koloko madzulo kuti zokambirana zithe kusanade kwambiri azimayi ndi atsikana ayende bwino, ndipo batire likhale lodzaza kapena mafuta a jenereta akhale okwanira maola atatu, chifukwa Canoa kapena La historia oficial ikazima pakati anthu sabweranso sabata yamawa. Zazitali monga La batalla de Chile muzigawe, chigawo chimodzi pa tsiku. A video show amene mukuopa kuluza makasitomala sankhani tsiku lomwe kulibe mpira, mulembe pabolodi panja kuti ana osakwana zaka 18 saloledwa, ndipo pakhomo pakhale munthu wamkulu woonetsetsa kuti sakusuzumira m'mipata ya mphasa.